Mafunso amene Patrick Pearse sanafunsidwe

Mayi amene ndinkawasamalira ku Dublin mu 2016 anali ndi zaka zoposa 80, ndipo makutu anali atayamba kuwavuta. Ndinkawatchula kuti Agogo, monga timachitira kwathu. Poyamba ankadabwa nalo dzinalo, kenaka analikonda, moti tsiku limene ndawaitana mwina ankandifunsa ngati tayambana. Madzulo ena nditawamwetsa mankhwala ndi kuwafunditsa bulangeti m'miyendo, anandikodola nati ndikweze mawu a wailesi ya kanema, ndisiye mbale m'sinki, ndidzakhale pansi. Anati lero akuzenga mlandu wa Pearse.

Chaka chimenecho mzinda wonse unali pa chikumbutso cha zaka 100 chichitikire kuukira kwa pa Pasaka wa 1916, pamene ena a ku Ireland anatenga zida kulimbana ndi ulamuliro wa Britain. Nkhope ya Patrick Pearse, mmodzi mwa atsogoleri a kuukirako, yojambulidwa cham'mbali, inali paliponse: m'mawindo a masitolo, pa zikwangwani, m'nyuzipepala. Ine ndinkangoidutsa. Sewero la madzulo amenewo, Trial of the Century, linaonetsedwa pa TV3 m'zigawo zitatu, ndipo amene anasewera Pearse ndi Tom Vaughan-Lawlor. Maziko ake ndi funso limodzi: chikanachitika n'chiyani boma la Britain likanamutengera munthuyu kubwalo la milandu lotseguka, kuli woweruza, maloya mbali zonse ziwiri, mboni, ndi anthu odzamvera? Mlandu wotere sunachitike. Olemba sewero anachita kuupanga, ndipo m'chigawo chomaliza anasonkhanitsa anthu a ku Ireland a masiku ano kuti akambirane ngati munthuyu anali wolakwa.

Mbale zija zinagona m'sinki mpaka m'mawa.

Chimene chinandimata pampando ndinachizindikira patapita masiku. Ine ndine wa ku Chiradzulu, ndipo agogo anga aamuna anali nduna ya mfumu. Ndili mwana ndinkakhala kumbuyo kwa amayi pa bwalo, pansi pa mtengo, n'kumamvera milandu ya mbuzi zodya mmera ndi ya malire a minda. Ndinaona anthu amene mudzi wonse unkadziwa kuti anaba akupatsidwa mpata wolankhula mpaka malovu kuuma. Ndinaonanso wodandaula, mkazi wamasiye wopanda womuimira, akuloledwa kuloza chala munthu wolemera n'kumufunsa maso ndi maso. Agogo anga aamunawo ankati mlandu wokambira m'nyumba ndi miseche. Bwalo limakhala panja kuti ngakhale wodutsa ndi mtolo wa nkhuni amve. Ndiye nditamva kuti munthu amene dziko lonse likumuimbira nyimbo anaweruzidwa m'chipinda chotseka, ndinafuna kudziwa zonse.

Pearse anabadwa mu 1879 ku Dublin, mu msewu umene lero umatchedwa dzina lake. Bambo ake anali Mngelezi wosema miyala ya m'matchalitchi, mayi ake anali a ku Ireland. Moyo wake wambiri sunali wa mfuti. Anali munthu wa chilankhulo: analowa gulu la Gaelic League, lolimbikitsa chilankhulo cha ku Ireland, ali mnyamata, anakhala mkonzi wa nyuzipepala yake, ndipo mu 1908 anatsegula sukulu ya St Enda's kuti ana aziphunzira m'chilankhulo cha makolo awo, pa nthawi imene Chingelezi chinali chitatsala pang'ono kuchimeza. Chimene ambiri saachidziwa n'chakuti anali loya. Analoledwa kugwira ntchitoyi mu 1901, koma mlandu wodziwika umene anaimira ndi umodzi wokha. Mu 1905 mlimi wina wa ku Donegal, Niall Mac Giolla Bhríde, analipitsidwa chindapusa chifukwa dzina la pa ngolo yake linalembedwa m'chilankhulo chake ndi zilembo zake. Lamulo linkati dzina la mwini ngolo lizikhala lowerengeka, ndipo khoti linaona kuti lolembedwa motero silikukwanira. Pearse anamuimira pa apilo ndipo anagonja. Nkhani ya ngoloyi imandikhudza kuposa zolankhula zake zonse zotchuka. Aliyense amene anavalapo chikwangwani kapena kusesa kalasi chifukwa cholankhula chilankhulo cha amayi ake pasukulu akudziwa pamene mtima wa munthu umayambira kuuma.

Lolemba la Pasaka, pa 24 Epulo 1916, Pearse anaima kunja kwa positi ofesi yaikulu ya mu Dublin n'kuwerenga chikalata cholengeza kuti Ireland ndi dziko loima palokha. Anasaina chikalatacho anthu asanu ndi awiri. Zinthu zinali zitasokonekera kale: sitima ya Aud imene inanyamula mfuti 20,000 kuchokera ku Germany inali itagwidwa n'kumizidwa, ndipo mkulu wa Irish Volunteers, gulu la zida limene Pearse analimo, Eoin MacNeill, anali atalengeza m'nyuzipepala kuti anthu ake asatuluke. Motero amene anatuluka tsiku loyamba anali pafupifupi 1,200 okha. Asilikali a Britain anabwera ndi mizinga, ndipo sitima yankhondo ya Helga inkaombera ili mu mtsinje wa Liffey. Pofika Loweruka pa 29 Epulo pakati pa mzinda panali phulusa. Namwino Elizabeth O'Farrell anatuluka ku Moore Street atanyamula kansalu koyera, ndipo Pearse anadzipereka kwa Brigadier General Lowe, nalemba kuti akutero pofuna kuti anthu wamba asapitirize kuphedwa.

Anafa sabata imeneyo ndi anthu pafupifupi 485. Oposa theka mwa iwo sanali asilikali a mbali iliyonse. Ana anali 40.

Mlandu weniweni unazengedwa pa 2 Meyi ku Richmond Barracks. Unali wa khoti la asilikali, motsatira malamulo a nthawi ya nkhondo, pansi pa ulamuliro wa General Sir John Maxwell amene anatumizidwa kudzazimitsa moto. Oweruza anali akuluakulu a asilikali atatu, wapampando wawo Brigadier General Charles Blackader. Woimira boma anali loya wachinyamata wovala yunifolomu, William Wylie. Pearse analibe loya. Atolankhani kunalibe, abale kunalibe. Mlandu wake unali wakuti anaukira mfumu ndi zida n'cholinga chothandiza mdani, ndiye kuti Germany. Umboni waukulu wa mbali yomalizayi anautenga m'kalata imene iye analembera mayi ake ali m'chitokosi, mmene anaonjezera mzere wonena za thandizo la ku Germany limene ankaliyembekezera. Kalata ya kwa mayi inasanduka mboni ya boma. Iye sanakane kuti anali mtsogoleri. Ananena kuti kwa iye Germany sinali yoposa England, kuti chimene ankafuna ndi ufulu wa dziko lake, ndiponso kuti ali mwana anagwada pambali pa bedi lake n'kulonjeza Mulungu kuti adzapereka moyo wake pa ntchito imeneyi. Mbandakucha wa tsiku lotsatira, pa 3 Meyi, anaomberedwa m'bwalo lophwanyira miyala la ndende ya Kilmainham, pamodzi ndi Thomas Clarke ndi Thomas MacDonagh. Anali ndi zaka 36. Mng'ono wake Willie anaomberedwa mawa lake.

Kuchokera pa kudzipereka mpaka pa imfa panadutsa masiku anayi okha. Kwathu mlandu wa nkhuku umatha kutenga nthawi yoposa pamenepo.

Boma linali ndi chifukwa chotsekera zitseko, ndipo chifukwacho chinali m'mbiri ya dzikolo. Mu 1803 Robert Emmet, amene anatsogolera kuukira kwina ku Dublin, atapezeka wolakwa, analankhula ali m'khoti mawu amene ana a ku Ireland anakhala akuwaloweza pamtima kwa zaka zoposa 100. Pearse mwiniwake ankamulemekeza kwambiri Emmet, ndipo anali katswiri pa kulankhula. Zimene ananena pa manda a O'Donovan Rossa, mkulu wakale womenyera ufulu wa Ireland, mu Ogasiti 1915 zinali zitamveka kale dziko lonse. Kumupatsa bwalo munthu wotere kunali kumupatsa guwa. Mmodzi yekha mwa atsogoleri a 1916 ndi amene anazengedwa poyera: Roger Casement, yemwe kale anali kazembe wa Britain ku Lourenço Marques ndipo anaulula nkhanza za ku Congo mu lipoti lake la 1904. Mlandu wake unali ku London mu Juni 1916, pansi pa lamulo la mlandu woukira mfumu la chaka cha 1351, ndipo womuzenga anali F. E. Smith, munthu amene zaka zochepa m'mbuyomo anali kumbali ya a ku Ulster, kumpoto kwa Ireland, okana kuti dzikolo lizidzilamulira, pamene ankaopseza boma la Britain lomwelo ndi mfuti. Casement anazinena zimenezi pamaso pake, anthu akumva, atolankhani akulemba. Anapachikidwa ku Pentonville pa 3 Ogasiti, koma mawu ake anatuluka m'khotimo. N'zimene akuluakulu a asilikali ku Dublin sankafuna.

Ndiye poyamba ndinkaganiza kuti sewero lija likubwezera Pearse chimene analandidwa, mpata wolankhula. Zilidi choncho. Koma pamene tinkaonera ndinaona kuti Agogo sankatekeseka Pearse akamalankhula. Ankatsamira kutsogolo loya wa boma akaimirira. Nthawi ina anagunda ndodo yawo pansi nati, "Mufunse, mufunse ndithu." Ndinadabwa, chifukwa m'khonde la nyumba yawo munali chikalata cha 1916 chija m'felemu, pafupi ndi chithunzi cha Mtima Woyera wa Yesu.

Pa nthawi ya malonda anandiuza. Mchimwene wa bambo awo anali m'gulu la asilikali a Britain ku France pamene Dublin inkapsa. Anali mmodzi mwa amuna a ku Ireland pafupifupi 200,000 amene anamenya nawo nkhondo imeneyo, ambiri atamva kwa atsogoleri awo ngati John Redmond kuti akatero, lamulo lolola Ireland kudzilamulira pa nkhani za m'dziko mwake, limene linavomerezedwa mu 1914, lidzayamba kugwira ntchito nkhondo ikatha. Anabwerako ndi chifuwa choonongeka, n'kupeza dziko litasintha nkhope. Mamendulo ake anakhala m'chitini cha bisiketi pamwamba pa kabati, ndipo m'nyumbamo dzina la France silinkatchulidwa. "Mwana wanga," anatero Agogo, "Pearse ndimamukonda. Masisitere anatiphunzitsa kumukonda ngati woyera mtima. Koma palibe amene anamufunsapo kuti, kodi iwe unatumidwa ndi yani?"

Funso limenelo lakhala nane kuyambira tsiku limenelo, ndipo ndikuona kuti ndi pamene pagona phindu la sewero lotere. Khoti lotseka silinabere wozengedwa yekha. Linaberanso onse amene anali ndi mangawa naye. Mayi wa Sean Foster, mwana wa zaka ziwiri amene chipolopolo chinamupeza ali m'chikuku pa Church Street tsiku loyamba lenilenilo, sanapatsidwe bwalo. Abale a James O'Brien, wapolisi wopanda mfuti amene anaomberedwa pa chipata cha Dublin Castle, likulu la boma la Britain ku Ireland, sanapatsidwe bwalo. Ndikanakhala loya wa boma sindikanataya nthawi ndi nkhani ya Germany. Ndikanamufunsa za anyamata a pasukulu yake amene anamutsatira ku positi ofesi: makolo awo anawapereka kwa iye kuti aphunzire, kodi anawapempha chilolezo? Ndikanamuwerengera zimene analemba kumapeto kwa 1915, zoti mtima wa dziko lapansi lokalambali unkafunika kufunditsidwa ndi vinyo wofiira wa kunkhondo, n'kumufunsa ngati magazi a mwana wa m'chikuku analinso vinyo ameneyo. Ndikanamufunsa chifukwa chimene anasankhira kumenyera nkhondo pakati pa mzinda umene amphawi ake ankagona banja lonse m'chipinda chimodzi, opanda kothawira. Ndikanamufunsa za MacNeill, mkulu wake, amene anamubisira zonse mpaka masiku omaliza.

Sindikunena kuti akanasowa mayankho. Ndikukhulupirira kuti ena akanawayankha bwino kwambiri. Akanati ufumu umene unalanda dziko ndi lupanga sungafunse wina kuti watumidwa ndi yani. Akanati a ku Ulster anatsitsa mfuti zikwizikwi pa doko la Larne mu 1914 ndipo palibe anamangidwa. Akanati mizinga imene inagwetsa nyumba za anthu sinali yake. Ndipo loya wake akanaitana mboni zakezake: akazi a ku North King Street kumene asilikali a Britain anapha amuna wamba 15 m'nyumba zawo, kapena mkazi wa Francis Sheehy-Skeffington, munthu wodana ndi nkhondo amene anagwidwa akuyesa kuletsa kuba m'masitolo n'kuomberedwa ku Portobello Barracks popanda mlandu. Bwalo lotseguka likanavula onse awiri. Chimene ndikukana ndi choti munthu wamkulu chotere adutse osafunsidwa, chifukwa ndikuona kuti kumulemekeza kwenikweni n'kumuyesa munthu wotha kuyankha.

Maxwell ankaganiza kuti akutseka nkhani. Anthu pafupifupi 90 anagamulidwa kuti aphedwe, ndipo 15 anaomberedwa pakati pa 3 ndi 12 Meyi, mmodzi wa iwo ku Cork. Sanawaphe tsiku limodzi. Pa masiku angapo anthu ankadzuka m'mawa n'kumva maina atsopano, osadziwa zimene zinanenedwa m'khotimo kapena kuti mawa kuli yani. Anamva kuti Joseph Plunkett, mmodzi mwa osaina chikalata chija, anamanga ukwati ndi Grace Gifford m'kachalichi ka m'ndende usiku, maola ochepa asanaomberedwe. Anamva kuti mtsogoleri wina, James Connolly, amene mwendo wake unali utaphwanyika, anamumangirira pa mpando. Mitembo sinaperekedwe kwa abale. Inakwiriridwa ku Arbour Hill m'dzenje lothiridwa laimu, popanda mabokosi. Anthu omwe aja amene ena mwa iwo ankatukwana akaidi m'misewu sabata imodzi m'mbuyomo anayamba kugula zithunzi zawo ndi kuwachitira Misa. Pa chisankho cha 1918 chipani cha Sinn Féin, chofuna kuti Ireland ichoke m'manja mwa Britain, chinatenga mipando 73 mwa 105 ya ku Ireland. Zolembedwa za makhoti aja zinatsekeredwa ku London kwa zaka zoposa 80. Mlandu suola, ankatero agogo anga. Uwu unakhala m'kabati mpaka zidzukulu zinachita kulemba sewero kuti ziumve.

Apa mpamene nkhani ya eni ake inandibwezera kwathu, ndipo sindinachite kuikakamiza. Miyezi 15 Pearse asanaime pa positi ofesi, mu ufumu womwewo, pa nkhondo yomweyo, Mbusa John Chilembwe anatuma anthu ake usiku wa pa 23 Januwale 1915. Iyenso anali mphunzitsi, womanga sukulu ndi tchalitchi ku Mbombwe. Iyenso anali atalemba, m'kalata yake ya ku Nyasaland Times kumapeto kwa 1914, kudandaula kuti anthu akuda akufera nkhondo imene si yawo. Iye sanafike n'komwe m'chipinda chotseka. Anaomberedwa pa 3 Febuluwale cha ku Mulanje akuthawa, n'kukwiriridwa mobisa. Otsatira ake pafupifupi 40 anaphedwa atazengedwa mwachangu, pafupifupi 300 anatsekeredwa, ndipo tchalitchi chake chinaphwasulidwa ndi mabomba. Lero nkhope yake ili pa ndalama zathu ndipo pa 15 Januwale timapuma.

Ndimamunyadira Chilembwe monga mwana wa ku Chiradzulu, ndipo n'chifukwa chake ndimalakalaka akanaima pa bwalo. Ndikanafuna dziko limve kuchokera pakamwa pake za thangata, za zikoti za pa esiteti ya Bruce ku Magomero, za matchalitchi a udzu amene ankatenthedwa. Ndikanafunanso wina amufunse za mutu wa William Jervis Livingstone umene unadulidwa mkazi wake ali pomwepo, ndi za anthu a m'midzi amene nyumba zawo zinatenthedwa pobwezera iwo asanafunsidwe kanthu. Kusukulu tinaphunzira masiku ndi maina. Mafunso amenewa sitinawamve, ndipo ndikukhulupirira kuti mbusa amene analemba kalata ija sakanawathawa.

Sewero lili ndi malire ake, ndipo ndiyenera kunena. Mawu amene Pearse wa pa kanema akuyankha ndi a olemba a 2016, odziwa kale zimene zinadzachitika: nkhondo ya ufulu, kugawidwa kwa chilumbacho, nkhondo ya pachiweniweni, ndi zaka 30 za mabomba kumpoto. Anthu a masiku ano okambirana chigamulo sangadziyeretse ku zimenezi. Woonera wosasamala akhoza kutuluka akuganiza kuti waona mbiri, pamene waona chimene mbiri inakana. Komabe sindinaone kuti akundinamiza, chifukwa ananeneratu kuti bwaloli n'lopeka. Ndipo chigamulo cha kumapeto sichinandikhudze kwenikweni. Chimene chinandikwanira n'kuona munthuyo ataima, akufunsidwa, akuyankha, anthu akumva.

Patapita milungu ingapo, tsiku langa lopuma, ndinakwera basi kupita ku Kilmainham. Wotiperekeza anatidutsitsa m'makonde ozizira a mbali yakale ya ndendeyo, kumene zitseko zake zili ndi kabowo kosuzumirapo, natisonyeza kachalichi kaja ka ukwati wa usiku. Pomaliza tinatulukira m'bwalo lophwanyira miyala. Ndi laling'ono kuposa mmene ndinkaganizira. Makoma ake ndi aatali, a miyala yotuwa, opanda windo loyang'anamo, ndipo n'chifukwa chake analisankha. Kuli mitanda iwiri yakuda, umodzi kumapeto kumene ambiri anaima, wina pafupi ndi chipata kumene anakhazika mpando wa Connolly. Gulu lathu linali la anthu ochokera m'maiko osiyanasiyana, ndipo mmenemo aliyense anangoti zii. Ndinagwira khoma ndi dzanja. Linali lonyowa ndi mvula ya m'mawa.

Madzulo ake ndinadutsira kwa Agogo ngakhale silinali tsiku langa la ntchito, ndinawaphikira tiyi, n'kuwauza zimene ndinaona. Kenaka ndinatulutsa K500 imene ndinkasunga m'chikwama chichokereni kumudzi, n'kuwauza za mbusa wa ku Mbombwe. Anaiyandikitsa kumaso, anaitembenuza, nayang'ana nkhopeyo nthawi yaitali.

"Ameneyu anamuzenga kuti?" anafunsa.

Ndinati sanamuzenge, Agogo.

"Nanga manda ake mumapitako?"

Ndinati anamukwirira popanda chizindikiro. Anakhala chete, ndalama ija ili m'manja. Kenaka anandipempha kuti ndikwere pa mpando nditsitse chitini cha bisiketi chimene chinali pamwamba pa kabati ya kuchipinda kwawo.